Wotchi Yopanda Mivi ya m'Nthano ya Momo

Mwezi uno tikambirane za wotchi imene simungaipeze m'sitolo iliyonse pansi pano, pakuti idapangidwira m'mutu mwa mlembi wa nthano. Mlembiyo ndi Michael Ende wa ku Germany, amene adabadwa mu 1929 namwalira mu 1995. Buku lake lotchedwa Momo lidatuluka mu 1973, ndipo chaka chotsatira lidalandira mphotho ya mabuku a achinyamata m'dziko lakwawo.

Nthanoyi ikamba za kamtsikana kopanda makolo odziwika, dzina lake Momo, kokhala m'bwinja la bwalo lakale la masewero kunja kwa mzinda waukulu. Mumzindamo mudalowa amuna otuwa nkhope, otuwa zovala, nayamba kunyengerera anthu kuti azikasungitsa nthawi yawo ku banki. Koma nthawi yosungitsidwayo siidabwererenso kwa eni ake. Amuna aja ankaiumitsa naisuta ngati fodya, ndipo moyo wawo udali womwewo.

Mkati mwa nthanoyi, kamba wotchedwa Cassiopeia atsogolera Momo kunyumba ya nkhalamba ina, Hora, imene imagawira munthu aliyense nthawi yake. Kumeneko Hora atulutsa m'thumba wotchi yopanda mivi, yopandanso manambala. Pamwamba pake pali mizere iwiri yopyapyala, yopotana ngati chigoba cha nkhono, yozungulira pang'onopang'ono, wina kumanja wina kumanzere, ndipo pamene yakumana pamang'anima timadontho ta kuwala. Wotchi imeneyi siingakuuzeni kuti yakwana 6 koloko. Ntchito yake ndi kudziwitsa za maola ena osowa, pamene zolengedwa zonse, ngakhale nyenyezi zakutali, zimvana kuti kanthu kena kachitike kamodzi kokha, kosadzabwerezanso. Hora achenjezanso kuti kukhala nayo wotchiyo n'kopanda phindu kwa munthu wosadziwa kuiwerenga.

Agiriki akale adali ndi mawu awiri otchulira nthawi: chronos, nthawi yowerengeka ija, ndi kairos, mpata woyenera. Wotchi ya Hora imayesa wachiwiriyu. Ndipo sitifunika Chigiriki kuti timve. Mayi amene mwana wake wakhala duu masabata ambiri, tsono madzulo ena nayamba kuulula za kukhosi pamene mayiyo ali kalikiliki ndi mbale, adziwa bwino kuti akati "dikira ndimalize," mawu aja sadzatulukanso.

Kuti ukoma wa wotchiyi uoneke tiyenera kubwerera kumasamba oyamba, m'nyumba yometera ya Bambo Fusi, munthu wa zaka 42. Mmodzi wa amuna otuwa aja alowa, nayamba kulemba masamu pakalilole. Zaka 70 za moyo, akutero, ndiwo masekondi 2,207,520,000. Ife tidatenga pensulo kuti timgwire bodza, koma tidachita manyazi: masamuwo ndi olondola ndithu. Kenaka achotsera maola a tulo, a ntchito ndi a chakudya. Achotsera ola limene Fusi amacheza ndi mayi ake okalamba osamvetsa, ndi theka la ola limene amapita ndi duwa kwa mkazi wina wosatha kuyenda, Daria. Pa zaka 42 zija pansi patsala ziro. Fusi agwidwa njakata. Sazindikira kuti moyo wa munthu aliyense, mukauphwanya m'magawo ndi kuchotsera magawo onsewo, udzatsala ziro basi. Bodza silili m'manambala ayi, lili pa dzina limene wochenjerayo wapatsa maola onsewo, lakuti otayika. Ndime imeneyi, mwa kuona kwathu, ndiyo yopambana m'buku lonse.

Komatu tili nalo dandaulo. Wotchi yokongola ija Ende aionetsa kanthawi kochepa, naibweza m'thumba la nkhalambayo, nthano n'kupitirira osaidalira. Choipirapo, wotchiyo ndi ya Hora yekha. Fusi sadzaigwira, ngakhale Beppo wosesa m'misewu, bwenzi la Momo, sadzaiona. Nanga mphawi amene abwana amamuwerengera maola adziwa bwanji kuti ola lake losowa lafika? Apa mlembi wapeputsa nkhani. Akulemba ngati kuti aliyense wothamanga adachita kusankha yekha kuthamangako, pamene ambiri amathamangitsidwa ndi njala ndi ngongole. N'zoona kuti kuona maso a nkhono n'kudekha, koma mwambi umenewu ngwosavuta kuunena kwa munthu wokhuta.

Chimene chipulumutsa bukuli ndi chipangizo china chimene mlembi sadachitche wotchi. Hora adaonetsa Momo kuti ola lililonse la munthu ndi duwa lophuka mumtima mwake, lokongola mosiyana ndi linzake, lofota lisanaphuke lina. Maluwa amenewa ndiwo fodya uja wa amuna otuwa. Kumapeto Hora agona tulo kuti nthawi yonse iime, napatsa Momo duwa limodzi lokha, ndilo ola limodzi, kuti akamasule nthawi yobedwa. Pamene mwanayo athamanga mumzinda wouma gwa, timasamba ta duwalo tiyoyoka kamodzikamodzi. Owerenga safunikanso munthu wowamasulira, monga zidaliri ndi mizere yopotana ija. Ngakhale mwana wa zaka 8 amene mukumuwerengera madzulo ayamba yekha kuwerenga timasamba totsala, mtima uli m'mwamba, kufikira Momo akhudza chitseko cha nkhokwe ya amuna otuwa ndi kasamba komaliza, maluwa onse obedwa nauluka kubwerera kwa eni ake.