Mphekesera, Ufiti ndi Mlendo mu Welcome to Our Hillbrow

Pamene Phaswane Mpe ankatulutsa nthano yake yaitali yotchedwa Welcome to Our Hillbrow m'chaka cha 2001, anthu ambiri m'chigawo chino akamva za magulu a tsankho lonyanyira m'dziko la South Africa ankaganiza za azungu ovala makhaki a gulu la AWB la Eugène Terre'Blanche, kapena za Janusz Waluś, amene anawombera Chris Hani pakhomo pake ku Boksburg mu Epulo 1993. Mantha amenewo sanali opanda pake, pakuti mu Okutobala 2002 gulu la Boeremag linaphulitsa mabomba ku Soweto. Koma maso a Mpe, mwana wa ku Limpopo amene ankaphunzitsa pa yunivesite ya Witwatersrand, anali kwina. Iye anaona chidani china chopanda yunifolomu kapena mbendera, chimene chinkamera m'macheza a anthu wamba, pamaliro, pamowa ndi m'maminibasi. Mlembiyu anamwalira mu Disembala 2004 ali ndi zaka 34, chidanicho chisanayake moto woonekera ku dziko lonse.

Bukuli ndi lalifupi, la mitu isanu ndi umodzi, ndipo nkhani yake njosavuta kuitsata. Refentše, mnyamata wa m'mudzi wopeka wa Tiragalong, apita ku Johannesburg kukaphunzira nakhala ku Hillbrow, dera la nyumba zosanjikizana limene kale linali la azungu okha koma tsopano ladzaza ndi anthu a mitundu yonse. Atapeza bwenzi lake Lerato ali m'manja mwa mnzake wapamtima Sammy, mnyamatayu adziponya pansi kuchokera pamwamba pa nyumba. Chodabwitsa n'chakuti wofotokoza nkhani sakuuza wowerenga za Refentše ayi; akulankhula ndi Refentše mwiniyo, amene ndi wakufa kale. Mbali yaikulu ya nkhaniyi ili ngati mawu a munthu amene waima pamanda n'kumauza malemu zimene zatsala zikunenedwa za iye. Njira imeneyi, yomwe poyamba imaoneka ngati kungofuna kusiyana ndi alembi ena, ndiyo msana wa bukuli, chifukwa mutu wake weniweni ndi zimene anthu amanena za munthu amene sangathe kudziyankhira.

Imfa ya Refentše ifuna woisenza. Pa tsiku la maliro mayi ake aterereka nagwera m'manda, ndipo mudzi, mothandizidwa ndi asing'anga, ugamula kuti ndiwo analodza mwana wawo. Anyamata a m'mudzimo awaveka matayala nawatentha. Pambuyo pake Refilwe, amene anali bwenzi la Refentše kale ndipo mtima wake sunam'chokere, abweretsa nkhani ina: wolakwa ndi Lerato, mkazi wa ku Hillbrow, amenenso akuti bambo ake ndi a ku Nigeria. Mudzi uilandira nkhani yachiwiriyi ndi manja awiri monga unachitira ndi yoyamba ija, popanda wina wofunsa kuti nanga gogo uja anafera chiyani. Apa m'pamene pali luso lalikulu la Mpe. Iye waika mfiti ndi mlendo pa mpando umodzi. Onse awiri ndi yankho lachangu la funso lowawa, ndipo onse awiri saweruzidwa ndi umboni koma ndi kukoma kwa nkhani. Wowerenga wa ku Malawi kapena ku Zambia, amene anamvapo za nkhalamba zothamangitsidwa m'mudzi mwana akamwalira mwadzidzidzi, safunika womasulira kuti amvetse mmene zoterezi zimayendera.

Mawu akuti makwerekwere, amene bukuli limawagwiritsa ntchito mobwerezabwereza, akuti anachokera pa mmene zilankhulo za alendo zimamvekera m'makutu mwa eni dziko. Ndiye kuti tchimo loyamba la mlendo ndi lilime lake. Mpe akuonetsa bwino kupanda nzeru kwa maganizo otere kudzera mwa msuweni wa Refentše, wapolisi amene pa mpira amachemerera matimu a ku Africa akamasewera ndi a ku Ulaya, koma akavala yunifolomu amagwira Aafirika omwewo mu msewu n'kumawadyera ndalama za ziphuphu. Refentše am'kumbutsa kuti anthu ambiri a ku Hillbrow ndi obwera ngati iye mwini, ochokera m'midzi ya m'dziko lomwelo, ndiponso kuti m'nthawi ya tsankho la azungu anthu a ku South Africa anasungidwa ndi mayiko ena a mu Africa. Izi ndi zoona, pakuti likulu la chipani cha ANC linakhala ku Lusaka zaka zambiri. Komabe tiyenera kunena kuti m'ndime zimenezi mlembi amakhala ngati mphunzitsi amene waima pa bolodi. Mfundo zake n'zolondola, koma zilibe mphamvu ngati ya chithunzi cha mayi wogwera m'manda uja.

Pa nkhani ya Edzi, bukuli likukhudza bala limene Amalawi amalidziwa. Anthu a ku Tiragalong amakhulupirira kuti matendawa anabwera ndi alendo ochokera kumpoto. Maganizo ngati amenewa sanali a kumudzi kokha. Cha m'ma 1988, mkangano wokhudza kuyeza magazi a anthu ofuna ntchito ku migodi unathetsa kulembedwa kwa Amalawi kudzera ku TEBA, ndipo amuna zikwizikwi, amene makolo awo anakumba golide wa ku Joni kuyambira m'masiku a Wenela, anabwerera kumudzi atapakidwa mbiri yakuti ndiwo onyamula matenda. Mpe akuyankha bodza lotere kudzera mwa Refilwe yemwe uja. Iye apita ku Oxford kukaphunzira za kusindikiza mabuku, ndipo kumeneko agwa m'chikondi ndi mnyamata wa ku Nigeria wofanana nkhope ndi Refentše. Atadwala, zipezeka kuti kachilomboka anali nako kalekale, asanakwere n'komwe ndege. Koma iye akudziwa zimene Tiragalong ikanene akabwerera atawonda, chifukwa nkhani yotero anaipeka ndi iye mwini pa mnzake Lerato. Chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe.

Ulendo wa ku England uli ndi phunziro linanso. Pa bwalo la ndege la Heathrow, Refilwe aona kuti anthu a ku Nigeria ndi mayiko ena amafufuzidwa mwankhanza pamene a ku South Africa amadutsa mosavuta, ndipo azindikira kuti kumeneko dzina lakuti Aafirika limagwira ntchito yomweyo imene kwawo limagwira dzina lakuti makwerekwere. Moni wa m'mutu wa bukuli, wolandira munthu ku Hillbrow, umanka nukula mpaka kulandira wowerenga ku England ndi kumwamba komwe, ndipo nthawi iliyonse umamveka ngati moni wa mwini nyumba amene dzanja lina wagwira chitseko.

Kwa owerenga masamba ano pali gawo lina lofunika kulilingalira. Refentše alemba nkhani yaifupi ya mayi wina amene analemba buku m'Chisepedi, koma osindikiza analikana ponena kuti ndi lotukwana chifukwa linatchula ziwalo za thupi ndi maina ake enieni, pamene mabuku a Chingerezi a sayansi amazitchula ndi kuzijambula popanda wodandaula. Malamulo a dziko a 1996 anavomereza zilankhulo khumi ndi chimodzi kukhala za boma, koma msika wa mabuku a zilankhulo za makolo unali udakali m'manja mwa sukulu, ndipo buku losayenera m'kalasi linalibe kolowera. Alembi a Chichewa amaidziwa bwino khola limeneli. Mfundo ya Mpe njakuti chilankhulo chimene chaletsedwa kutchula zinthu mwachindunji chimasiyira malo mphekesera. Edzi ikapanda dzina m'buku, imapeza dzina pa chitsime, ndipo dzinalo limakhala la mlendo. N'zomvetsa chisoni, ngakhale n'zosadabwitsa, kuti dandaulo limeneli anachita kulilemba m'Chingerezi.

Mu Meyi 2008 zimene Mpe analemba zinachoka pa pepala. Ziwawa zimene zinayambira ku Alexandra, dera limene lili ndi mutu wakewake m'bukuli, zinapha anthu 62. Ernesto Nhamuave wa ku Mozambique anatenthedwa wamoyo anthu akuonerera, imfa yofanana ndi ya mayi a Refentše. Magulu achiwawa ankaimitsa anthu n'kuwafunsa dzina la chigongono m'Chizulu, ndipo wolephera kuyankha ankaona zakuda. Pafupifupi gawo limodzi mwa magawo atatu a ophedwawo anali nzika za South Africa zomwe, ena mwa iwo chifukwa cha khungu lakuda kwambiri kapena chilankhulo cha mtundu wochepa. Ndiye kuti ufulu wa mlendo ndi ufulu wa Mtsonga kapena Mvenda zinapezeka zili pa chingwe chimodzi. Mu Epulo 2015 ziwawa zinabukanso ku Durban, ndipo boma la Malawi linatumiza mabasi kukatenga anthu ake. Pofika 2021 chidanichi chinali chitapeza yunifolomu imene chinalibe m'masiku a Mpe, pamene gulu la Operation Dudula linayamba ku Soweto, ndipo pambuyo pake mamembala ake ankaima pa zipata za zipatala n'kumabweza odwala opanda ziphaso za dzikolo, chonsecho malamulo a dziko amapereka ufulu wa chithandizo cha mankhwala kwa munthu aliyense.

Izi sizikutanthauza kuti bukuli lilibe chilema. Kumwamba kwa Mpe, kumene akufa amakumana n'kumaonerera moyo wawo wakale ngati kanema, kumathetsa milandu mofewa kwambiri. Mayi wotenthedwa uja akumana ndi Lerato ndipo ayanjana, ngati kuti moto wa matayala ungazimitsidwe ndi kumvetsetsana kochedwa. Chilema chachikulu koposa chili pa alendo eni akewo. M'buku lonse lowateteza, iwo salankhula. Amakambidwa, amanyozedwa, amaikiridwa kumbuyo, koma palibe tsamba limene wowerenga amalowa m'chipinda cha munthu wa ku Congo kapena wa ku Mozambique kuti amve zimene iye amaganiza za Hillbrow, za lendi, za apolisi, kapena za kwawo kumene anachoka. Akuluakulu amati mlendo ndi mame, ndipo mwambiwu umakoma chifukwa mame sachedwa kukamuka. Funso lovuta la mizinda ya masiku ano ndi la mlendo amene wakhazikika, wabereka ana, ndipo akufuna kunenapo zake pa bwalo. Funso limenelo Mpe analifika pakhomo koma sanalowe. Wina angathe kum'teteza ponena kuti chete ameneyu ndi wadala, kuti akuonetsa mmene mudzi umaonera mlendo. Komatu wofotokoza nkhani wa m'bukuli amadziwa zonse, za pansi ndi za kumwamba, za m'mitima ya amoyo ndi ya akufa. Mnyamata wa ku Nigeria uja, amene chikondi chake ndicho chimasintha mtima wa Refilwe, wowerenga amam'dziwa ndi dziko lake ndi nkhope ya munthu wina, ndipo buku limatha asanamve dzina lake.