Nthano ya Cidakwa: Zimene Olemba Amasiya pa Khomo la Bala

Pali nthano imodzi imene yafala kwambiri m'zolemba za Ciceŵa, kotero kuti mwana wa Sitandade 6 angathe kuimariza yekha atangomva mau oyamba. Imapezeka pa masamba a Ciceŵa a m'nyuzipepala, m'maseŵero a pa wailesi, m'zisudzo za ana a sukulu, ndiponso m'zimangirizo zimene aphunzitsi amaconga sabata ndi sabata. Mwamuna wina wa ku Kawale kapena ku Biwi alandira malipiro ace a pa mwezi. M'malo molunjika kwao, akhotera ku bala. Kumeneko apeza anzace oipa ndi mkazi wodzola milomo, ndarama zitha, kunyumba ana agona ndi njala, pambuyo pace munthuyo acotsedwa nchito, adwala, ndipo pa mphasa ya imfa alapa. Wolemba atseka nkhani yace ndi cenjezo, ndipo onse abalalika ali okhutira.

Nthano imeneyi si yabodza ai. Amene anakhalapo ku Chinsapo kapena ku Mgona amadziŵa mabanja amene anapasuka m'njira yomweyo. Colakwa cace ciri pena. Wolemba amaloŵetsa munthu wace m'bala, koma iye mwini amatsala pa khomo, nkhope atayang'anitsa kumbali. Cotero bala ya m'nthanozi iribe mwini, iribe mtengo wa moŵa, iribe buku la ngongole, iribe nthaŵi yotsegulira kapena yotsekera. Ndi mbuna cabe yokumbidwa kuti munthu agweremo, ndipo munthu wolengedwa kuti angogwa m'mbuna sapatsa woŵerenga cifukwa comutsatira, pakuti mathero ace adziŵika kale pa tsamba loyamba.

Gwero la kalembedwe kameneka si lobisika. Mabuku oyamba a Cinyanja anatuluka m'manja mwa amishoni ndi aphunzitsi ao, ndipo njira ya munthu wocimwa amene atembenuka mtima inali njira yoloŵera ku makina osindikizira. Nthondo, buku la Samuel Josia Ntara, mphunzitsi wa Mishoni ya Nkhoma, limene linapata mphoto m'caka ca 1933 ndi kumasuliridwa m'Cingerezi ndi Cullen Young m'caka ca 1934, limatsata njira yomweyi kucokera ku kubadwa kwa munthu kufikira imfa yace. Koma Ntara anali ndi maso. Mudzi umene anaulemba anaudziŵa, ndipo miyambo yace anaifotokoza mwacifatse, kotero kuti ngakhale wosafuna ulaliki wace amapezamo moyo wa Aceŵa wa masiku amenewo. Omtsatira ambiri anatola ulalikiwo nasiya masowo.

Munthu wa maso akanayamba ndi kuona kuti malo omwera moŵa m'Lilongwe si amodzi. Kawale ndi Biwi ziri pafupi ndi tauni yakale. Area 23 ndi Area 25 zinakula pamodzi ndi mzinda umene unasanduka likulu la dziko m'caka ca 1975. Chinsapo inadzaza yokha m'mbali mwa mseu wa ku Likuni, ndipo Mgona inamera pa mpanda wa mafakitale a ku Kanengo, kumene aganyu ambiri amalandira ndarama za tsiku limodzi. Wolandira pa tsiku samwa monga wolandira pa mwezi. Cifukwa cace pali botolo sitolo ya firiji ndi wailesi ya kanema, pali thaveni ya Chibuku ya mabenci, pali shabini imene iri cipinda ca m'nyumba ya munthu, ndiponso pali kuseri kwa nyumba kumene mai amacereza masese kapena kuceza kacasu. Malo anai ameneŵa ali ndi anthu osiyana, mitengo yosiyana, ngakhale mayankhulidwe osiyana. Wolemba amene amawaphatikiza onse m'liu limodzi lakuti "kumoŵa" ali ngati mlimi wochula cimanga, mapira ndi maŵere kuti zonse ndi udzu.

Cosoŵa cacikulu koposa m'nthanozi ndi munthu wa kuseri kwa kauntala. Woŵerenga amauzidwa kuti ndarama za cidakwa "zinathera ku bala," ndipo amaganiza kuti mwini bala amagona pa mulu wa ndarama. Koma moŵa wa m'mabotolo ndi katundu wa kampani. Fakitale ya Carlsberg inatsegulidwa ku Blantyre m'caka ca 1968, yoyamba ya kampaniyo kunja kwa Denmark, ndipo m'caka ca 2016 inapita m'manja mwa Castel. Wogulitsa wa ku Biwi amapikula pa mtengo woikidwa ndi ena, ndipo sangakweze kwambiri mtengo wace, popeza mnzace wa tsidya la mseu akugulitsa botolo lomwelo. Pa kaphindu ka pa botolo kameneko payenera kucoka lendi, ciphaso ca ku Khonsolo ya Mzinda, malipiro a wogulitsa ndi a mlonda, magetsi, ndarama ya mwezi ndi mwezi yoonetsera mpira, ndi ya bungwe la COSOMA cifukwa ca nyimbo zimene zikulira. Botolo lopanda kanthu nalonso ndi cuma, pakuti kireti yosakwana mabotolo siibweza kireti yodzaza. Ndiye cifukwa cace ndeu ikabuka mwini malo amathamangira mabotolo asanathamangire anthu. Kanthu kakang'ono kotere, kakanaloŵa m'nthano, kakanauza woŵerenga zambiri koposa ndime zitatu za cidzudzulo.

Ndipo pali ngongole. Palibe wolemba zisudzo amene angapeze cida cabwino coposa kope la ngongole la pa bala, koma ndi ocepa amene analitsegula. Wogulitsa akakana kukongoza, kasitomala wace wa zaka zambiri asamukira kwina. Akabvomera, ndarama yopikulira maŵa yasanduka dzina lolembedwa pa pepala. Akale anati fodya wako ndi amene ali pamphuno, wa pacala ndi wa mphepo, ndipo wogulitsa moŵa amaudziŵa mwambiwu koposa mphunzitsi amene amaulembetsa pa bolodi. M'kope limenelo muli ubwenzi, manyazi, mabodza ndi mantha. Muli kalaliki wobvala taye amene amadzera njira ina pa tsiku la malipiro. Muli mnansi amene sungamuitanire apolisi cifukwa maŵa mudzakumana pa maliro. Anthu ambiri amanena kuti ngakhale dzina lakuti Chibuku, moŵa umene Max Heinrich anayamba kufulula ku Kitwe m'zaka za m'ma 1950, linacokera ku liu lakuti buku. Kotero buku ndi moŵa zakhala pa ubale kuyambira kale, ngakhale olemba mabuku sakuudziŵa ubalewo.

Cidakwa ca m'nthano cimamwa mofanana caka conse, cimene siciri coona. Malonda a usiku ali ndi nyengo zao monga munda. Masiku otsata malipiro malo amadzaza. Pakati pa mwezi mumatsala anthu aŵiri atatu ogwira botolo limodzi mpaka litafunda. Msika wa fodya ukatsegulidwa ku Kanengo, ca m'mwezi wa April, ndarama za alimi zimamveka m'mabala a ku Area 25 ndi madera oyandikana nao. Mu January ndi February, pamene cimanga cakwera mtengo, kuli zii. Loŵeruka masana anthu amadzera mpira wa ku England, ndipo ena amaonera maseŵero onse ndi botolo limodzi la zakumwa zoziziritsa kukhosi. Kugulirana raundi kuli ndi malamulo ace osalembedwa: wolandira lero ayenera kubweza tsiku lina, ndipo amene amangolandira amadziŵika msanga. Panja pali wookca kanyenya, wa ciŵaya ca chipisi, mai wa mphika wa mang'ina, ndi anyamata a kabaza odikira okwera a pakati pa usiku. Onseŵa amadya pa bala yomweyo osalaŵa dontho. Ikatsekedwa, iwo ndiwo amayamba kugona ndi njala.

Zaka zapitazi zinapatsa olemba nkhani zokwanira, akanafuna kuzitola. Mu January 2021, pa nthaŵi ya mliri wa Covid-19, Boma linalamula kuti malo omwera moŵa azitsekedwa pofika 8 koloko usiku, ora limene malonda amayamba kumene. Mu January 2022 namondwe wochedwa Ana anaononga malo opangira magetsi a Kapichira, ndipo kwa miyezi yambiri magetsi anali kuzima nthaŵi yaitali. Moŵa wofunda sugulika, ndipo jenereta imamwa phindu lonse. Kwacha inacepetsedwa mphamvu ndi 25 peresenti mu May 2022, ndiponso ndi 44 peresenti mu November 2023. Pa kugwa kuli konse kotere omwa amatsika makwerero: wa botolo apita ku Chibuku, wa Chibuku apita ku kacasu ndi timabotolo ta moŵa waukali. Kutsika kumeneku, kwa munthu amene dzulo anali kukhala pa mpando wa kauntala ndipo lero akubisala kuseri kwa nyumba ya eni, ndiyo nthano yeniyeni ya cidakwa ca m'tauni, ndipo ndi yomvetsa cisoni koposa imene imalembedwa.

Apa ndi pamene nthano yozoloŵerekayo imalephera ngakhale pa colinga cace ca kucenjeza. Poika mlandu wonse pa mtima wofooka wa munthu mmodzi, siifunsa kuti moŵa waukali unafika bwanji m'thumba la mwana wa sukulu. Unafika cifukwa makampani anauthira m'timapepala ta pulasitiki, masaceti, pa mtengo umene mwana akanatha kulipira. Boma linaletsa masaceti ca m'ma 2015, ndipo moŵa womwewo unabwerera m'timabotolo. M'caka ca 2017 kunakhazikitsidwa ndondomeko ya dziko yokhudza moŵa, ndipo lamulo limaletsa kugulitsa moŵa kwa wosakwana zaka 18. Koma mabala ambiri a m'makomboni ali pakati pa nyumba za anthu, ndipo mwana wokonzekera mayeso a Sitandade 8 amaŵerenga zimkuzamau zikugwedeza malata. Mwini bala amene pamwambapa waoneka wobvutika ndi yemweyo amene amakweza nyimbo mpaka tambala woyamba. Wolemba wabwino asamuyeretse, angomuonetsa yense.

Za mkazi wa m'nthanozi mau ocepa akwanira, pakuti olembawo anampatsa ocepa. Alibe kwao, alibe ana, alibe lendi; ali ndi milomo yofiira basi. Sipafunsidwa kuti amalandira zingati pa mwezi, kapena kuti botolo likasweka amalipira ndani.

Kwa wophunzira cilankhulo, kutaya kwina kowawa ndi kwa mau. Liu lakuti shabini linacokera ku Ireland, linakhazikika ku South Africa kumene makhonsolo, kuyambira ku Durban m'caka ca 1908, anadzitengera okha malonda a moŵa wa Aafirika, ndipo linayenda ulendo wautali kufikira pa Chinsapo. Kampani inacha moŵa wace Kuche Kuche, kutenga mneni wakuti kuca ndi kuubwereza, ndipo m'mau aŵiri okha inalonjeza usiku wonse. Mphunzitsi wofuna citsanzo ca nchito ya kubwereza mau sangapeze coposa ici. Omwa naonso amacha maina. Moŵa umene unapha anthu ku Blantyre m'caka ca 2024 unali kudziŵika ndi dzina lakuti Ambuye Ntengeni: anthu anali kudziŵa cimene akumwa, nacipatsa dzina la pemphero, namwabe. Palibe cenjezo la kumapeto kwa nthano limene lingafike pamenepo. (Pongodutsa, wophunzitsa kalembedwe asaiŵale kuti kusiyana kwa "m'bala" ndi "mbala" kuli pa kacizindikiro kamodzi, ndipo mwana woiŵala kacizindikiroko amasandutsa malo kukhala wakuba.)

Nkhani imeneyi ikhudza mphunzitsi mwa njira yoonekeratu. Amene akuphunzira pa koleji ya aphunzitsi ya ku Area 25, ndi anzao a m'makoleji ena, adzaima patsogolo pa makalasi m'mene muli ana amene yunifomu ndi makope ao zinagulidwa ndi ndarama ya masese, pamodzi ndi ana amene anagona ndi njala cifukwa ca masese omwewo. Mutu wakuti "Kuipa kwa moŵa" ukalembedwa pa bolodi, mwana woyambayo amaphunzira kuti kupata malikisi kufuna kuti atukwane mai ace pa pepala, kapena kuti abise cimene akudziŵa ndi kukopera nthano ya eni. Waciŵiriyo amakopera nthano yomweyo, ndipo cisoni cace ceniceni sicituluka. Onse aŵiri aphunzira kuti kulemba ndi kubwereza zimene aphunzitsi akufuna kumva.

Sikuti ana atumidwe ku mabala kukafufuza. Zimenezo nzosayenera, ndipo lamulo likuletsa. Koma mutu ungasinthidwe. "Mseu wa kwathu pa tsiku la malipiro," kapena "Nchito imene imadyetsa banja lathu," kapena "Phokoso la usiku m'dera lathu," ndi mitu imene imalola mwana wa ku Mgona kulemba zimene anaona ali pa khonde la kwao. Poconga, mphunzitsi ayang'ane ngati mwanayo wachula nthaŵi, malo, zinthu ndi mau a anthu monga anawamvera, ndipo asamcotsere malikisi cifukwa cakuti sanatseke ndi cenjezo.