Amene Anamanganso Wimbe: Tulé Peak ndi Magetsi a Mphepo

Tikamakambirana za kanema wa The Boy Who Harnessed the Wind pano pasukulu, mkangano umathera pa Chichewa chopotoka cha Chiwetel Ejiofor ndi Maxwell Simba. Nkhani imeneyo yatopetsa. Ine ndifuna tiyang'ane kumbuyo kwa olankhulawo, ku makoma, nkhokwe ndi zitsulo zadzimbiri, pakuti kumeneko kuli ntchito ya munthu amene dzina lake limatuluka anthu atanyamuka kale pamipando: Tulé Peak wa ku Brazil.

Udindo wake pa Chingerezi amati production designer. Wotsogolera kanema amaphunzitsa ochita sewero, wojambula, amene pano anali Dick Pope, amasamala kuwala. Koma wina ayenera kuganiza ngati khoma likhale la zidina kapena la njerwa zootcha, mbale zikhale zingati pathandala, chitseko chikhale chakutha motani. Akalakwitsa, ife eni dera timaseka nthawi yomweyo. Akakhoza, palibe womuyamika, chifukwa timangoti ndi mmene kumudzi kulili.

Peak anadziwika ndi City of God ya 2002, nkhani ya dera la amphawi ku Rio de Janeiro. M'menemo malo amodzi amakalamba tikuona: poyamba mizere ya tinyumba tatsopano ta m'ma 1960, kenaka tinjira tothithikana ta zaka zotsatira. Anagwiranso ntchito mu Tropa de Elite ya 2007. Tsono Ejiofor sanamutenge mwangozi. Luso la bamboyu ndi kuonetsa nthawi ikudya malo, ndipo nkhani ya William Kamkwamba imafuna zomwezo.

Taganizani vuto lake. Kanemayu anajambulidwa ku Wimbe komweko mu 2017, koma nkhani ndi ya njala ya 2001 ndi 2002. Zaka 16 si zambiri, komabe zikwangwani za makampani a foni ndi timagetsi ta dzuwa tapadenga zinayenera kuchoka pamaso pathu. Pamenepa wakhoza ndithu. Njala sitiiona pa matupi okha. Timaiona pa nkhokwe ikupepuka, pa munda wosefukira madzi umene kenaka usanduka fumbi, pa mitengo imene eni esiteti ya fodya akugula kwa anthu a m'mudzi. Aliyense wokulira m'zigwa za Kasungu adziwa kuti chigafa ndi balani zimadya nkhalango, ndipo kanemayu wanena zimenezi ndi malo kuposa ndi pakamwa.

Pamene ndimuvulira chipewa ndi padzala la zitsulo kumene William amakatola zipangizo. Mmisiri waulesi akadangounjika dzimbiri kuti tione umphawi. Apa chitsulo chilichonse chikuoneka kuti chinagwirapo ntchito kwinakwake, ndipo woonera amayamba kufufuza pamodzi ndi mnyamatayo. Chimodzimodzi makina a mphepo aja. Enieni anapangidwa ndi mitengo ya bulugamu, njinga ya bambo ake, fani ya thirakitala, mapaipi a pulasitiki ndi dainamo, William ali ndi zaka 14, ataona chithunzi m'buku la Using Energy. Peak anayenera kumanga chinthu cholimba kuti chizungulire pamaso pa kamera, koma chooneka ngati chamangidwa ndi mwana wopanda sipanala. Mmisiri wodziwa ntchito kudzibweza dzanja chotero si chapafupi.

Koma pa makina omwewa ndi pamene ndili ndi dandaulo. Makina oyamba a William anayatsa mababu ndi wailesi kunyumba kwao ku Masitala. Pampu ya madzi inabwera patapita zaka, iye atalankhula kale ku msonkhano wa TED ku Arusha mu 2007. M'kanema makinawo akupopa madzi pachitsime, ngalande zikudzaza, munda ukubiriwira, mudzi wapulumuka. Wina anena kuti analemba nkhani motero ndi Ejiofor, osati Peak. Zoona. Komabe chimene chimatikhulupiritsa bodzalo ndi ubwino wa chomangidwacho: mipope, batire ndi ngalande zakonzedwa mwaluso kotero kuti palibe afunsa ngati dainamo ya njinga ingathirire munda wodyetsa mudzi. Njala ija, yokhala ndi nkhani ya chimanga cha boma chimene chinagulitsidwa ndi mizere ya pa ADMARC, yathetsedwa ndi nsanja imodzi yokongola. Babu limodzi likuyaka m'chipinda cha mwana wosiyira sukulu panjira likadandigwira mtima koposa.

Kanemayu anatuluka ku Sundance ndi pa Netflix mu 2019, ndipo kwa anthu ambiri akunja Kasungu ndi ameneyo basi. Wopanga zovala, Bia Salgado, ndi wopeka nyimbo, Antônio Pinto, nawonso ndi a ku Brazil, a gulu lomwe lija la City of God. Pano tili ndi Shemu Joyah amene anatipatsa Seasons of a Life ndi The Last Fishing Boat, ndipo mu Workshop muno tadzaza olemba ndakatulo ndi ofuna kuchita sewero. Ndikafunsa amene afuna kuphunzira kumanga nkhokwe ya pakanema, manja sakwera.