Mbendera Ziwiri za Rwanda ndi Anthu a ku Dzaleka

M'mapiri a Dowa, pamalo amene kale panali ndende ya andale m'nthawi ya Kamuzu, pali msasa wa Dzaleka umene unatsegulidwa mu 1994. Pakati pa othawa kwawo okhala pamenepo pali Anyarwanda amene anasiya dziko lawo likukweza mbendera ina, koma lero likukweza inanso.

Yakaleyo, ya mu 1962, inali ndi mizere itatu yoimirira: wofiira, wachikasu ndi wobiriwira. Pakati panali chilembo chakuda cha R, chimene anachiikapo kuti isafanane ndi ya Guinea. Kufiirako ankati ndi magazi a omenyera ufulu. Koma magazi a yani? Chipolowe cha 1959, chimene Ahutu ena ankachitcha chiwombolo, ndicho chinathamangitsa Atutsi ambiri m'midzi yawo. Ana a othawawo anabwerera ndi mfuti mu October 1990, nkhondo yapachiweniweni n'kuyamba, ndipo pamene Atutsi ankapululidwa mu 1994 mbenderayo inali pamtengo pake.

Choncho mu 2001 boma linakweza yatsopano, yojambulidwa ndi Alphonse Kirimobenecyo: buluu pamwamba, chikasu, msipu, ndi dzuwa pakona. Ndi yokongola, ndipo sindikuona chifukwa chokakamizira wopulumuka kulonjera nsalu imene opha abale ake ankailonjera. Chondivuta n'chakuti wojambulayo anachotsa kufiira konse. Mbendera imeneyi ikunena za mtendere, chuma ndi kuwala, koma za akufa aja yangoti chete, ngati nyumba ya maliro imene yapakidwa laimu anthu asanasese.

Ifenso tinalawako pang'ono. Mu 2010 boma la Bingu wa Mutharika linachotsa dzuwa lofiira lotuluka n'kuikapo loyera lathunthu, ati tatukuka. Mu 2012 Nyumba ya Malamulo inabwezeretsa yakale. Ife tinali ndi kobwerera, poti mbendera ya 1964 sinaimepo pakati pa mbale ndi mbale pankhondo.

Mnyarwanda wa ku Dzaleka alibe mwayi wotero. Yakale ndi yodetsedwa, ndipo woikonda amakayikiridwa. Yatsopano, kwa amene akuopabe kubwerera, ndi ya boma limene salikhulupirira. Mwana wake wobadwira pamsasapo wakula akuona mbendera ya Malawi, dziko limene silinamupatse unzika.