Alakatuli athu aiwala belo la fodya

Chaka chilichonse pa 14 May ndimatchera khutu ku wailesi kuno kwa Kaomba, kumvera ndakatulo zokumbukira Kamuzu. Nanenso ndine mlakatuli, ndiye sindimvera ngati mlendo ayi. Koma ndinene mosapsatira: zambiri mwa ndakatulozi zatopetsa. Zili m'magulu awiri basi. Gulu loyamba limatamanda: misewu, likulu la ku Lilongwe, Kamuzu Academy ya ku Mtunthama. Gulu lachiwiri limalira: ndende ya Mikuyu, ng'ona, nduna zitatu ndi phungu mmodzi omwe anaphedwa ku Mwanza mu 1983. Onsewa sakunama. Koma onse akudumpha funso limodzi lomwe mwana wa tenanti ngati ine sangalidumphe: ndalama zake zinkachokera kuti, ndipo amene analipira ndani?

Jack Mapanje ndi anzake ankalemba mophiphiritsa chifukwa kulankhula poyera kunali kudziitanira imfa. Of Chameleons and Gods inatuluka mu 1981, mwini wake anamangidwa mu 1987 n'kudzatuluka mu 1991. Iwo anali ndi chifukwa chobisalira kumbuyo kwa nanzikambe. Nanga ife a lero, amene palibe wa Special Branch amene akutilondalonda, tikubisala chiyani? Tatengera zophiphiritsa zawo, koma kulimba mtima kofunsa mafunso ovuta tausiya.

Tiyeni tione zomwe ndakatulo zathu sizinena. Mu 1964, ufulu usanathe n'komwe miyezi itatu, nduna monga Kanyama Chiume ndi Henry Chipembere zinasemphana ndi Kamuzu, ndipo imodzi mwa nkhani zake inali yakuti Malawi azigwirizana ndi ndani kunja. Kamuzu anasankha Apwitikizi ndi South Africa ya tsankho. Mu 1967 tinakhazikitsa ubale wa ukazembe ndi Pretoria pamene maiko ena a anthu akuda ankaisala. John Vorster anabwera kuno mu 1970, Kamuzu anapita kumeneko mu 1971. Ngongole yoyambira kumanga Lilongwe inachokera komweko, ya njanji yolumikiza ku Nacala, yomwe inatsegulidwa mu 1970, chimodzimodzi. Tsono mlakatuli akamati Ngwazi inamanga likulu, osatchula thumba lomwe munatuluka ndalama, ameneyo watipatsa nsima yopanda ndiwo.

Fodya wathu nayenso anakulira pa mikangano ya ena. Ian Smith atalengeza ufulu wa azungu okha ku Rhodesia mu 1965, Britain analetsa fodya wa kumeneko, ogula nayamba kuyang'ana kwina. Maesiteti anafalikira m'zigwa za Kasungu, ambiri a anthu akuluakulu a chipani ndi a kampani ya Press, pamene lamulo linkaletsa mlimi wamng'ono kulima bale pa munda wake. Mwayi wa dziko unali tsoka la mnansi, ndipo ngakhale mwayiwo sunafike m'manja mwa osoka fodya.

Akulu anati fodya wako ndi uyo ali pamphuno, wa pachala ngwamphepo. Mozambique atalandira ufulu mu 1975, nkhondo ya Renamo, yomwe poyamba inkathandizidwa ndi Rhodesia kenako South Africa, inafika pa njanji zathu. Pofika 1984 njira ya ku Beira ndi ya ku Nacala zonse zinali zitatsekeka. Njanji yomwe tinakongolera ndalama kwa abwenzi athu inaonongedwa ndi asilikali odyetsedwa ndi abwenzi omwewo. Mlakatuli angafunenso nkhani yoposa pamenepa? Mabelo anayamba kuyenda ulendo wautali pa malole kukafika ku Durban, feteleza ndi mafuta kubwerera njira yomweyo.

Bambo anga anali tenanti pa esiteti ina kuno m'zaka zimenezo, ine ndisanabadwe. Sanapiteko ku Tete, mfuti ya Renamo sanaione. Koma amandiuza kuti pakutha pa nyengo, akamawerengetsa ngongole ya chimanga, feteleza ndi makasu, kalaliki ankangoti, "Madala, chaka chino nkhondo yadya." Ankabwerera kunyumba ndi mchere ndi nsalu imodzi ya amayi. Mawu anayiwo, chaka chino nkhondo yadya, kwa ine akuposa ndakatulo zonse za pa 14 May zomwe ndinamvapo. Muli Pretoria, muli Maputo, muli chigafa cha kwa Kaomba, zonse m'mpweya umodzi.

Nkhaniyi siinathere apo. Mu September 1986 Samora Machel, Kenneth Kaunda ndi Robert Mugabe anabwera ku Blantyre kudzadzudzula Kamuzu kuti Renamo ikudutsira m'dziko muno. Patangotha mwezi, pa 19 October, Machel anafa pa ngozi ya ndege ku Mbuzini. Kuyambira 1987 asilikali athu anapita kukalondera njanji ya Nacala, ena sanabwerere. Othawa nkhondo anafika pafupifupi miliyoni imodzi. Ndipo nkhondo ya mawu ya America ndi Soviet Union itatha, maiko omwe ankamunyadira Kamuzu chifukwa chodana ndi chikomyunizimu anaimika thandizo lawo ku Paris mu May 1992. Referendamu ya pa 14 June 1993 inabadwa ndi kalata ya maepiskopi komanso kulimba mtima kwa anthu, inde, koma thumba louma linathandizapo.

Wina anena kuti, "Achimwene, ndakatulo si lipoti la banki." Ndavomera. Sindikupempha kuti muike manambala m'ndime iliyonse. Ndikupempha maso. Carolyn McMaster anatulutsa buku mu 1974 lomwe mutu wake wokha, Malawi: Foreign Policy and Development, ukumanga pamodzi ubale wa kunja ndi chitukuko. Ngati wofufuza wa kunja anaona mfundoyi kalekale, bwanji mwana wokulira m'fungo la chigafa asaione?

Ndipo si za kale zokha. Tinasiya Taiwan n'kupita kwa China kumayambiriro kwa 2008, nyumba ya malamulo ya ku Lilongwe inatsatira mu 2010. Mu 2019 America inatsekereza fodya wathu pa madoko ake ponena za kugwiritsa ntchito ana. Nkhondo ya Russia ndi Ukraine itabuka mu 2022, mtengo wa feteleza unauluka, ndipo mu 2023 tinalandira mphatso ya matani 20,000 kuchokera ku kampani ya ku Russia. Chaka chomwecho achinyamata athu anakwera ndege kukagwira ntchito m'minda ya ku Israel nkhondo ya ku Gaza ili mkati. Mphatso iliyonse ili ndi chingwe, ndipo chingwecho chimathera pa khosi la mlimi.

Chigamulo changa ndi ichi: ndakatulo zathu zokumbukira zili ndi mawu okoma koma n'zaulesi. Wotamanda ndi wolira onse ayang'ana nkhope ya munthu mmodzi, aiwala msewu womwe belo linkadutsa. Nanenso ndili m'gulu lomweli, pakuti ndalemba za ng'ona kangapo konse, koma za kalaliki uja ndi buku lake la ngongole sindinalembepo. Bambo akadalipo, ndipo mawa ndikupita kukawafunsa bwinobwino.